Chipembedzo cha a Ojibwe ndi Miyambo Yokuzira Ana: Mafunso ndi Mayankho

Kumpoto kwa America, m'mbali mwa nyanja zikuluzikulu zimene zili m'malire a Canada ndi United States, kuli anthu amene mwana wawo amalowa m'gulu la akuluakulu pogona ndi njala mwa kufuna kwake, komanso popatsa ena nyama yake yoyamba iye osalawako. Anthuwa ndi a Ojibwe. Mafunso ali m'munsimu ndi amene munthu amakhala nawo akangomva za mapemphero awo, miyambo yawo yopatulika ndi mmene amakuzira anyamata ndi atsikana.

Kodi a Ojibwe ndani, ndipo kwawo n'kuti?

Eni ake amadzitcha Anishinaabe, ndipo akachuluka amati Anishinaabeg. Ku United States mapepala a boma amakonda kuwalemba kuti Chippewa, pamene kumadzulo kwa Canada ena amadziwika kuti Saulteaux. Chilankhulo chawo ndi Anishinaabemowin. Midzi yawo ili ku Ontario, Manitoba ndi Saskatchewan m'dziko la Canada, komanso ku Michigan, Wisconsin, Minnesota, North Dakota ndi Montana ku United States. Pakati pa zonse pali nyanja ya Superior, imene iwo amati Gichigami. Ndi abale a a Odawa ndi a Potawatomi, ndipo mitundu itatuyi inapangana ubale wotchedwa Moto Utatu.

Mbiri yawo imati makolo anachokera kum'mawa, kunyanja ya mchere, akutsatira kachigoba koyera kotchedwa miigis. Anauzidwa kuti asaleke kuyenda kufikira atapeza malo amene chakudya chimamera pamadzi. Chakudyacho ndi manoomin, mpunga womera wokha m'nyanja zosaya. Amakolola chakumapeto kwa Ogasiti ndi mu Seputembala, anthu awiri m'bwato, wina akukankha ndi mponda, wina akuweramitsa ngala ndi kamtengo n'kumapuntha ndi kanzake. Mpunga wambiri umagwera m'madzi, ndipo palibe amadandaula, chifukwa ndiyo mbewu ya chaka chamawa. Chilumba cha Madeline ku Wisconsin, chimene amati Mooningwanekaaning, amachilemekeza ngati pothera ulendo wa makolo aja.

Amapembedza Mulungu mmodzi kapena milungu yambiri?

Amatchula Gichi-Manidoo, gwero la moyo wonse, ndipo pomasulira ambiri amati Mzimu Wamkulu kapena Mlengi. Koma mawu akuti manidoo ndi otakata. Si mzimu wa munthu wakufa ayi. Ndi mphamvu yamoyo imene munthu sangaimvetse mpaka pansi, ndipo manidoog alipo ambiri: mbalame za bingu zotchedwa animikiig, chilombo cha pansi pa madzi chotchedwa Mishipeshu chimene chithunzi chake chofiira chidakalipo pathanthwe la Agawa m'mbali mwa nyanja ya Superior, mphepo zinayi, dzuwa, ndi mwezi umene amautcha Agogo.

Chimene ine ndimaona kuti n'chofunika kuchigwira n'chakuti kwa iwo mawu akuti "munthu" sathera pa ife oyenda ndi miyendo iwiri. Chilankhulo chawo chimagawa mayina m'magulu awiri, zamoyo ndi zopanda moyo, ndipo mwala, ng'oma, kaliwo ndi fodya zili m'gulu la zamoyo. Katswiri wina, A. Irving Hallowell, amene anakhala ndi a Ojibwe a kumtsinje wa Berens m'zaka za m'ma 1930, anafunsa mkulu wina ngati miyala yonse imene ankaiona inali yamoyo. Mkuluyo anaganiza kanthawi n'kuyankha kuti ayi, koma ina ndi yamoyo. Ndiye kuti munthu ayenera kuyenda mosamala, pakuti sadziwa kuti wakumana ndi yani.

Cholinga cha zonse amachitcha mino-bimaadiziwin, moyo wabwino: kukhala wathanzi, kufika ku ukalamba, ndi kusalakwira anthu, nyama kapena madzi.

Nanga Nanabozho amene amatchulidwa kawirikawiri ndani?

Ena amati Wenabozho, ena Nanabush. Mayi ake anali munthu, bambo ake mphepo ya kumadzulo, ndipo analeredwa ndi agogo ake aakazi, Nookomis. Ndi mphunzitsi komanso kamberembere. Amathandiza anthu, koma dyera limamugwetsa m'mavuto, ndipo ana amaphunzira poseka zolakwa zake. Pa chigumula ndiye anapempha nyama kuti zimire zikatenge dothi pansi pa madzi. Zamphamvu zinalephera. Kanyama konga khoswe wa m'madzi, kamene amati wazhashk, ndiko kanayandama katafa kale, kadothi kali m'dzanja. Dothilo linaikidwa pamsana pa kamba n'kukula kukhala dziko. N'chifukwa chake eni nthaka ambiri amatcha North America kuti Chilumba cha Kamba.

Nthano zopatulikazi amati aadizookaanag, ndipo zimakambidwa m'nyengo yozizira yokha, chipale chofewa chitaphimba nthaka. Nthawi yotentha achule ndi njoka zili maso, ndipo eni nkhanizo angamve kuti mukuwanena.

N'chifukwa chiyani fodya amapezeka pa mwambo uliwonse?

Fodya, amene amati asemaa, ndiye moni wa pempho lililonse. Ukafuna kufunsa mkulu nzeru, umamupatsa fodya. Akalandira ndiye kuti wavomera, ndipo sangabwererenso m'mbuyo. Ukafuna kukumba mankhwala, kupha nyama kapena kuwoloka nyanja, umayamba waika fodya pansi kapena pamadzi. Lamulo lake n'losavuta: usatenge kanthu usanapereke. Fodya wa mwambo nthawi zambiri amasakaniza ndi khungwa lam'kati la kamtengo kofiira ka m'madambo, ndipo ndi wosiyana ndi ndudu za m'sitolo. Palinso zomera zina zitatu zopatulika: wiingashk, udzu wonunkhira umene amauluka ngati tsitsi, giizhik, mtengo wonga mkungudza, ndi mashkodewashk, kachitsamba kamene amafukiza kuti utsi wake uyeretse munthu ndi malo.

Mwana akabadwa, dzina amamupatsa ndani?

Makolo sangosankha dzina lowakomera. Amatenga fodya n'kupita kwa munthu wamkulu amene ali ndi mphatso yotcha mayina. Iyeyo amapemphera, nthawi zina amasala kudya, n'kudikira kuti dzinalo limufikire kumaloto. Tsiku la phwando amanyamula mwanayo, n'kulengeza dzinalo kumbali zinayi za dziko kuti manidoog amudziwe. Kuyambira pamenepo awiriwa amatchulana niiyawe'enh, mawu ochokera ku liwu lotanthauza thupi langa, ndipo ubalewu sutha. Akuluakulu ambiri amene anakulira m'sukulu zogonera za boma alandira mayina awo atakalamba, imvi zili mbuu.

Mwana amabadwiranso mu doodem, umene tingati mfunda, ndipo amatsata wa bambo ake. Kuli a chimbalangondo, amene ntchito yawo yakale inali kulondera mudzi ndi kudziwa mankhwala. A ajijaak, mbalame ya miyendo itali ndi mawu omveka patali, amene ankatsogolera ndi kulankhulira anthu. A nsomba, a chiwombankhanga ndi ena. A mfunda umodzi sakwatirana ngakhale atachokera kutali. Mawu akuti "totem" amene amapezeka m'mabuku a sukulu anachokera ku liwu limeneli.

Mnyamata amakula bwanji?

Amakula ndi njala. Kale, mwana akayamba kuzindikira, m'mawa wina bambo kapena agogo ankamuikira zinthu ziwiri: chakudya ndi khala. Akatenga khala n'kudzipaka kumaso, onse ankadziwa kuti lero sadya, ndipo palibe ankamupatsa kanthu. Mwambowu amati makadekewin, kudzidetsa nkhope. Ankayamba ndi tsiku limodzi ali wamng'ono kuti thupi lizolowere. Mawu akamayamba kusintha, ankamutengera kutali ndi mudzi, kuthanthwe, pachilumba, kapena pakasanja komangidwa mumtengo ngati chisa. Kumeneko ankakhala yekha osadya, kawirikawiri masiku 4, ena mpaka 10. Malo amodzi odziwika ndi Dreamer's Rock, m'dera la Whitefish River pafupi ndi chilumba cha Manitoulin ku Ontario.

Sankapita kukaonetsa chamuna. Ankapita kukadzichepetsa, kukhala womvetsa chisoni, kuti mmodzi wa manidoog amumvere chifundo n'kumudzera kumaloto. Wobwerayo, amene amati bawaagan, amakhala mthandizi wake moyo wonse, ndipo angamupatse nyimbo, luso la ulenje kapena la kuchiza, pamodzi ndi chinthu choti azipewa. Malotowo sankawaulula wamba. Mkulu amene ankabwera kudzamuzonda ndiye ankamva, ndipo akaona kuti wobwerayo si wabwino ankauza mwanayo kuti akane, adye, adzayesenso nthawi ina.

A Ojibwe anadziwa kuti mwambo wotere ungathe kuwonongeka m'manja mwa kholo lofuna ulemu. N'chifukwa chake ali ndi nthano ya Opichi. Bambo wina ankafuna kuti mwana wake apose ana onse, ndipo tsiku ndi tsiku mwanayo akapempha kuti abwerere kwawo, bamboyo ankamuuza kuti apirire pang'ono. Tsiku lomaliza anabwera ndi chakudya n'kupeza mwana wake akudzipaka zofiira pachifuwa. Mwanayo anasanduka mbalame ya chifuwa chofiira yotchedwa opichi n'kuuluka, atauza bambo ake kuti azidzawaimbira pafupi ndi nyumba. Nthanoyi ndimaikonda chifukwa salangiza nayo ana. Olangizidwa ndi akulu.

Palinso phwando la nyama yoyamba. Mnyamata akapha nyama yake yoyamba, ngakhale ikhale kalulu kapena mbalame, amaiphika n'kuitana okalamba. M'mabanja ambiri mwini wakeyo amayamba wakana kudya, n'kunena kuti akuganizira ana, okalamba ndi amene alibe wowasakira. Tsiku limenelo amaphunzira kuti dzanja lake lodziwa kupha ndi la mudzi wonse. Masiku ano mabanja ena amachitira phwandoli atsikananso.

Nanga mtsikana akatha msinkhu?

Akangoona kusamba koyamba, amayi kapena agogo ake ankamumangira kanyumba kakang'ono chapatali ndi nyumba yaikulu. Ankakhalamo masiku 4 kapena kuposerapo, akudya pang'ono kapena osadya konse, ali ndi mbale yake ndi kamtengo kodzikandira, poti sankayenera kudzikhudza tsitsi kapena thupi ndi manja. Agogo ndi azakhali ankabwera kudzamulangiza ndi kumupatsa zosoka kuti manja asakhale chabe. Frances Densmore analemba zimenezi m'buku lake la 1929 atacheza ndi amayi okalamba a ku Minnesota, ndipo M. Inez Hilger, amene anali sisitere, anazilembanso mu 1951. Maloto a mtsikana pa nthawiyi ankalemekezedwa monga a mnyamata.

Mwambo umene watsitsimuka kwambiri masiku ano ndi wosala zipatso. Kwa chaka chathunthu, miyezi 13 powerenga mwezi wakumwamba, mtsikanayo sadya sitiroberi kapena zipatso zina za mtundu umenewo. Tiyenera kukumbukira kuti kumeneko nyengo yozizira ndi yaitali, ndipo sitiroberi ndicho chipatso choyamba kupsa, cha mu Juni. Amachitcha ode'imin, chipatso cha mtima, chifukwa cha maonekedwe ake. Mwanayo amathyola nawo zipatsozo, amaziyanika kapena kuzisunga, koma osaika pakamwa. M'midzi yambiri amauzidwanso kuti chaka chimenecho asanyamule khanda, asadumphe zovala kapena zipangizo za ena, ndipo asayambe zibwenzi. Amayi angapo amasankhidwa kuti aziyenda naye chaka chonsecho.

Chaka chikatha pamakhala phwando. Mtsikanayo amagawira anthu zipatso zimene anasunga, kuyambira okalamba. Kenako mkulu amamubweretsera chipatso pakamwa n'kuchibweza, kangapo konse, ndipo pomaliza ndi pamene amadya. Wakhala akudikira chaka, ndipo akumupempha kuti adikirenso pang'ono anthu onse akuona. Amayi a Chiojibwe amafotokoza kuti mtsikana amene waphunzira kukana chinthu chokoma chili pamlomo adzathanso kunena kuti ayi kwa munthu womukakamiza.

Kumupatula mtsikana chonchi si kumunena kuti ndi wodetsedwa?

Funsoli ndi loyenera, ndipo amayi a Chiojibwe amakambirana okha. Amishonale ndi olemba oyambirira anamva ngati nkhani ya uve. Aphunzitsi a mwambo amati nkhani ndi mphamvu: mkazi amene ali kumwezi, makamaka koyamba, ali ndi mphamvu yopatsa moyo yochuluka moti ingaphimbe mankhwala a mlenje kapena a sing'anga. N'chifukwa chake mpaka lero amayi ambiri akakhala kumwezi sagwira kaliwo kapena kulowa m'miyambo ina. Zoona zake n'zakuti mantha analiponso. Zolembedwa zakale zimasonyeza kuti anthu ankaopa kuti mtsikana wotere akakhudza mwana kapena chomera, chingafote. Alipo amayi a masiku ano amene amaona kuti malamulo ena anaumitsidwa mopitirira muyeso. Ine ndimaona kuti muyeso wabwino ndi kuyang'ana mmene mtsikanayo amatulukira: amatuluka kuphwando, atavala zatsopano, mudzi wonse ukumulandira.

Kodi tinganene kuti ndi chinamwali chawo?

Pofuna kumva msanga tingatero, poti zofanana zilipo: kutsekeredwa, malangizo a amayi akuluakulu onga anamkungwi, zoletsa za pa nthawi yosamba zonga zija za kusathira mchere m'ndiwo, ndi kutuluka mwaulemu. Koma kusiyana kwake n'kwakukulu. Chinamwali chathu ndi cha gulu, cha ng'oma, nyimbo ndi bwalo, ndipo mfumu imadziwa. Cha a Ojibwe chimatsamira pa munthu mmodzi ali yekhayekha ndi maloto ake. Kwa anyamata kulibe mdulidwe, kulibe dambwe, kulibe gulu lolowera limodzi. Ana awiri a bambo mmodzi angabwere kuchokera kosala kudya ndi zoletsa zosiyana, ndipo palibe angatsutse mnzake.

Midewiwin n'chiyani?

Ndi bungwe la ochiza ndi osunga chiphunzitso, la amuna ndi akazi omwe. Munthu amalowa chifukwa wadwala, walota, kapena akufuna kuphunzira. Pali makwerero 4, ndipo m'madera ena amafika 8. Lililonse limafuna zaka za kuphunzira nyimbo, mankhwala ndi mbiri, komanso mphatso zambiri kwa aphunzitsi, monga mabulangete, nsalu, chakudya ndi fodya. Amakumana m'chinyumba chachitali cha mitengo yopindidwa chotchedwa midewigaan, choloza kum'mawa ndi kumadzulo, makamaka m'nyengo ya mphukira ndi ya kugwa kwa masamba. Amaimba ndi ng'oma yothiramo madzi pang'ono, imene mawu ake amamveka patali. Wolowa koyamba amalandira thumba la chikopa cha nyama, kawirikawiri cha katumbu.

Pachimake pa mwambowo, mphamvu ya kachigoba ka miigis imaponyedwa mwa wolowayo. Amagwa ngati wafa, kenako amadzutsidwa ndi moyo watsopano. Zimenezi zinasindikizidwa kale mu 1891 ndi Walter James Hoffman. Kupitirira apa n'kwa eni ake, ndipo sindipitirira.

Chiphunzitsocho amachisunga pa makungwa a mtengo wa birch, pamene amalembapo zizindikiro ndi kafupa kosongoka. Makungwawa amati wiigwaasabak. Sawerengeka ngati kalata; ndi chokumbutsa munthu amene anaphunzitsidwa kale pakamwa. Ambiri anatengedwa n'kukaikidwa m'nyumba zosungiramo zakale, ndipo lamulo la ku United States la 1990 lotchedwa NAGPRA linatsegula njira yoti zinthu zopatulika zotere zibwerere kwa eni ake.

Nanga kanyumba kotulutsa thukuta ndi tenti yogwedezeka?

Madoodiswan ndi kanyumba kozungulira, kotsekedwa kuti m'kati mukhale mdima. Amalowetsamo miyala yowotchedwa mpaka kufiira, imene amaitcha agogo aamuna, n'kuthirapo madzi. Anthu amapemphera ndi kuimba mu nthunziyo, ndipo potuluka amati ali ngati obadwanso. Jiisakaan ndi ina: mlauli amalowa yekha m'katenti kolimba usiku, katentiko kamagwedezeka, ndipo kumamveka mawu a manidoog, Kamba ali mthenga wawo. Anthu amafunsa za matenda, za katundu wotayika kapena za m'bale amene ali kutali.

Munthu akamwalira amati wapita kuti?

Amayenda ulendo wa masiku 4 kulowera kumadzulo. Achibale amasonkha moto usiku unayi kuti umuunikire, ndipo wotsogolera mwambo amalankhula ndi womwalirayo, kumulangiza njira ndi kumuuza kuti asacheuke. Panjirapo pali sitiroberi yaikulu, ndipo pali mtsinje wowolokera pachipika chogwedezeka. Ana amawapaka khala pamphumi kuti wopitayo asawatenge chifukwa cha chikondi. Pamanda ena pamamangidwa kanyumba kakang'ono ka matabwa kokhala ndi kabowo koikirapo chakudya ndi fodya. Kale wofedwa ankasunga katsitsi ka malemu m'kamtolo kwa chaka chonse, n'kumakapatsa chakudya, mpaka tsiku lomumasula.

Ngati miyamboyi inali yozika mizu chonchi, inafookeranji?

Inaletsedwa ndi lamulo. Mu 1883 boma la United States linakhazikitsa malamulo ndi makhoti olanga eni nthaka chifukwa cha magule ndi ntchito za asing'anga. Chilango chinali kumanidwa chakudya cha boma kapena kutsekeredwa. Mu 1921 mkulu woona za eni nthaka, Charles Burke, anatulutsanso kalata yolimbana ndi magule. Ku Canada lamulo la Indian Act la 1876 linasinthidwa mu 1884 ndi mu 1895 kuti liletse miyambo, makamaka yogawana katundu, ndipo ziletsozo zinachotsedwa mu 1951. Ku United States ufulu wa chipembedzo cha eni nthaka unalembedwa m'lamulo mu 1978. Alipo agogo amoyo lero amene ali ana ankaona miyambo ikuchitikira m'nkhalango mobisa.

Koma chimene chinadula msana ndi sukulu zogonera komweko. Ku Canada ana pafupifupi 150,000 a eni nthaka anatengedwa kupita kusukulu zoyendetsedwa ndi boma ndi mipingo, ndipo zomaliza zinatsekedwa m'zaka za m'ma 1990. Ankawameta, kuwapatsa mayina ena ndi kuwalanga akalankhula chilankhulo chawo. Taganizani: msinkhu umene mtsikana amafunika agogo ake pambali ndi umene anali m'chipinda chogona ana ambirimbiri, wopanda womuuza chimene chikuchitika m'thupi mwake.

Mu Okutobala 1966, Chanie Wenjack, mnyamata wa Chiojibwe wa zaka 12, anathawa pasukulu ya Cecilia Jeffrey ku Kenora, Ontario, kuti abwerere kwawo ku Ogoki Post, mtunda wa makilomita pafupifupi 600. Anamupeza atafa ndi njala ndi kuzizira m'mbali mwa njanji. Nkhaniyi imandipweteka nthawi zonse ndikaiika pafupi ndi ya makadekewin. Pa msinkhu womwewo makolo ake akale ankagonanso ndi njala kuthengo, koma m'mawa uliwonse kunkabwera munthu wodzaona ngati ali bwino.

Bungwe la Canada lofufuza zoona ndi kuyanjanitsa anthu linatulutsa lipoti lake mu 2015 ndi mfundo 94 zoti zichitike, ndipo linati zimene zinachitikazo kunali kupha chikhalidwe cha mtundu wa anthu. Wapampando wake, woweruza Murray Sinclair, amene anamwalira mu 2024, anali Mojibwe komanso wa Midewiwin. Nduna yaikulu ya Canada pa nthawiyo, Stephen Harper, inapepesa mu 2008, ndipo Papa Francis anapita ku Canada kukapepesa mu Julayi 2022.

Kodi alipo a Ojibwe achikhristu?

Alipo ambiri, ndipo akhalapo kuyambira kale. Peter Jones, amene dzina lake lina linali Kahkewaquonaby, anali mbusa wa Methodist ndipo anamasulira nyimbo ndi mbali za Baibulo. Enmegahbowh anadzozedwa unsembe mumpingo wa Episcopal mu 1867. Wansembe wa Katolika Frederic Baraga anasindikiza dikishonale ya chilankhulochi mu 1853, ndipo ikugwirabe ntchito. Ku Minnesota kuimba nyimbo za tchalitchi mu Chiojibwe pamaliro usiku wonse kunasanduka mwambo wawowawo. Mabanja ena amatsata njira imodzi yokha, ena amayenda mu zonse ziwiri.

Lero miyamboyi ili pati?

Ikubwerera. Edward Benton-Banai wa ku Lac Courte Oreilles ku Wisconsin, mmodzi mwa amene anayambitsa bungwe lomenyera ufulu wa eni nthaka la American Indian Movement ku Minneapolis mu 1968, anatsogolera gulu la Midewiwin la Moto Utatu mpaka imfa yake mu 2020. Iye anathandiza kufalitsa ziphunzitso 7 za agogo, zimene lero zili pamakoma a sukulu zambiri: nzeru, chikondi, ulemu, kulimba mtima, kuona mtima, kudzichepetsa ndi choonadi. Kwawo komweko kuli sukulu ya Waadookodaading, imene ana amaphunzira maphunziro awo mu Chiojibwe. Chilankhulo n'chofunika chifukwa mapemphero ndi malangizo a pamaliro amanenedwa m'menemo, ndipo odziwa bwino ambiri ndi okalamba.

Gule wa diresi la mabelu ndi chitsanzo chakuti mwambo umabadwanso pa nthawi ya mavuto. Anayamba pa nthawi ya mliri wa chimfine wa 1918 mpaka 1920. Ku Mille Lacs, Minnesota, ndi ku Whitefish Bay, Ontario, amasimba za bambo amene analota diresi ndi kavinidwe kake mwana wamkazi akudwala. Mwanayo atavina anachira. Timabeluto ankatipinda kuchokera ku zivundikiro za zitini za fodya wa m'mphuno, ndipo madiresi ambiri amakhala nato 365. Mu 2020, pa mliri wa Covid-19, amayi anavinanso gule ameneyu m'makomo mwawo n'kumaika pa intaneti popempherera odwala.

Mitundu ina ya eni nthaka imachitanso chimodzimodzi?

Uliwonse uli ndi zake. Kwa a Navajo mtsikana pa mwambo wa Kinaaldá amathamangira kum'mawa tsiku ndi tsiku, amapera chimanga, ndipo chikondamoyo chachikulu chimaphikidwa m'dzenje usiku wonse. Kwa a Apache amavina masiku 4 atavala chikopa chofewa, akuimira Mkazi woyamba wa mtundu wawo. A Lakota ali ndi mwambo wawo wa atsikana komanso wokalira masomphenya paphiri. Kuwaphatikiza onse ngati chipembedzo chimodzi n'kulakwa komwe kuja kwa munthu amene amati anthu onse a mu Africa ali ndi mwambo umodzi.

Mlendo angaonerere kapena kutenga nawo mbali?

Magule a poyera otchedwa powwow ndi otsegukira aliyense. Wolengeza amauza anthu nthawi yoimirira ndi nthawi yosajambula. Midewiwin, kusala kudya ndi maliro n'za oitanidwa. Ukafuna kufunsa, tenga fodya, ndipo ukayankhidwa kuti ayi, landira. Kaukonde kozungulira kogwira maloto kamene kadzaza m'misika ya dziko lonse kanachokera kwa a Ojibwe. Kanali kakang'ono, kopachika pa chonyamulira khanda kuti katchinge zoipa.

Kutengera mwambo popanda aphunzitsi ake kumapha. Mu 2009 ku Sedona, Arizona, anthu atatu anafa atalowa m'kanyumba kotulutsa thukuta kamene James Arthur Ray, munthu wosachokera kwa eni nthaka, ankalipiritsa ndalama zambiri, ndipo khoti linamupeza wolakwa mu 2011. Pa mwambo weniweni munthu akalephera kupirira amapempha kuti chitseko chitsegulidwe, ndipo chimatsegulidwa.

N'chifukwa chiyani amayi ndiwo amatsogolera pa nkhani za madzi?

Mtsikana amauzidwa pa chaka chake chosala zipatso kuti madzi ndi udindo wa akazi, monga moto uli udindo wa amuna, chifukwa mwana aliyense amakhala m'madzi a mayi ake asanabadwe. Josephine Mandamin wa ku Wiikwemkoong, pachilumba cha Manitoulin, anali agogo wa Midewiwin amene ali mwana anadutsa m'sukulu yogonera. Mu 2003 anatunga madzi m'ndowa ya mkuwa n'kuyamba kuyenda wapansi kuzungulira nyanja ya Superior pofuna kuti anthu aone mmene madzi akuipitsidwira. Zaka zotsatira anazungulira nyanja zinazo. Pa maulendowa amayi amalandizana ndowayo, mwamuna amayenda pambali atanyamula ndodo ya nthenga za chiwombankhanga, ndipo pa mtsinje uliwonse umene awoloka amaikapo fodya. Ndowayo siima kuyambira m'bandakucha mpaka ulendo wa tsikulo utatha, poti madzi a mumtsinje nawonso saima. Mayi Mandamin anamwalira mu 2019. Mdzukulu wa kubanja lawo, Autumn Peltier, analankhula za madzi ku United Nations mu 2018 ali ndi zaka 13.